Imfa ya Livingstone imene sinachitike: Musa wa ku Johanna ndi mboni za kunyanja



Madzulo a tsiku la 29 la mwezi wa Sha'baan ambiri a ife tinali panja, maso ali kumadzulo. Ife a kuno kuchigwa, ku Mtakataka, ku Mua ndi ku Golomoti, tili ndi vuto lathulathu pa nkhani yoona mwezi, chifukwa kumadzulo kwathu kwatchinga mapiri, ndipo kamwezi kongobadwa kumene kamalowa msanga kuseri kwa mapiriwo pamodzi ndi dzuwa. Munthu akabwera n'kunena kuti wauona, shehe wodziwa ntchito yake sathamangira kulengeza. Amayamba wafunsa: munaima pati, inali nthawi yanji, nyanga zake zinaloza kuti, munali ndi yani? Sikuti akumuyesa munthuyo wabodza ayi. Akudziwa kuti diso limene lakhala likufunitsitsa chinthu limatha kuchiona pa kamtambo kopyapyala, mwini diso n'kulumbira ndi mtima woyera.

Mafunso a shehe amenewa ndi amene andikumbutsa nkhani ina imene inachitikira m'chigwa chathu chomwechi m'chaka cha 1866. Ndi nkhani ya umboni umene unakhulupiriridwa ndi anthu ophunzira ku Zanzibar ndi ku London, n'kudzagwetsedwa ndi anthu wamba a m'mphepete mwa nyanja amene ngakhale mayina awo sitikuwatchula lero.

M'mwezi wa Malichi 1866 David Livingstone anatsika chombo pa Mikindani, kugombe la dziko limene lero ndi Tanzania, n'kuyamba ulendo wake wotsiriza. M'gulu lake munali asilikali a ku India, anyamata owomboledwa ku ukapolo amene anaphunzira ku Nasik, Susi ndi Amoda a ku Shupanga, anyamata awiri Achiyao, Chuma ndi Wikatani, komanso amuna khumi ochokera pa chilumba cha Johanna, chimene lero timachitcha Anjouan kapena Nzwani, ku Comoros. Mtsogoleri wa amuna khumiwa anali Musa. Anthu a pa chilumbachi ndi Asilamu, ndipo ndisabise, mwini bodza limene tikambe pano ndi munthu wa dzina lathu ndi chipembedzo chathu. Mbiri ikamawerengedwa moona sisankha nkhope.

Anafika kunyanja, kutsidya la kum'mawa, pa 8 Ogasiti. Livingstone ankafuna kuoloka pa zombo za amalonda Achiarabu ndi Achiswahili, koma eni zombo, amene malonda awo aakulu anali minyanga ndi akapolo, sanafune kunyamula munthu wodziwika kuti amalemba zonse zimene waona. Choncho anazungulira cha kumwera, anaoloka Shire, nafika kwa Mponda pakati pa Seputembala. Kumeneko Wikatani anatsala, ati wapeza abale ake. Ulendo unapitirira mpaka kwa mfumu Marenga, kumapeto kwa mkono wa kumadzulo wa nyanja, umene Livingstone ankaufanizira ndi chidendene cha phazi. Mukaima pamwamba pa msewu wokhotakhota wotsikira ku Golomoti kukacha bwino, madzi amene mumawaona patali ndi a mkono umenewu.

Kwa Marenga ndi kumene zinthu zinasokonekera. Kunafika wamalonda wina wa Chiarabu amene anauza Musa kuti dziko lonse kutsogolo ladzaza ndi Amazitu, dzina limene ankatchulira Angoni masiku amenewo. Anati apha anzake 44 cha ku Kasungu, wapulumuka ndi iye yekha. Livingstone anamutengera Musa kwa Marenga, ndipo mfumuyo inati njira imene akufuna kudzera ilibe Amazitu. Musa sanamve. Anati akufuna kukaonanso makolo ake ndi mwana wake ku Johanna. Pa 26 Seputembala iye ndi anzake anatula akatundu pansi n'kubwerera.

Pano tisafulumire kuseka. Mantha a Musa sanali opanda mutu. Zaka zimenezo magulu a Angoni ankathiradi nkhondo midzi ya kumadzulo kwa nyanja, ndipo patangopita zaka zochepa Angoni a kwa Maseko anadzakhazikika ku Domwe, pamwamba pa mapiri omwewa. Ufumu wa Kachindamoto umene uli ku Mtakataka lero ndi mphukira ya Angoni amenewo. Tsono pa bwalo la Marenga panali anthu atatu, aliyense ndi choonadi chake. Wamalonda anali ndi zimene anathawa, kapena zimene anamva n'kuzikometsera. Marenga ankanena za njira imene iye ankaidziwa. Musa anali ndi mwana kwawo. Mpaka apa palibe amene tingamuloze chala ndi mtima wonse.

Bodza linabadwa pambuyo pake, m'njira yobwerera kugombe. Munthu wothawa ntchito salandira malipiro, ndipo amuna a ku Johanna ankadziwa zimenezi. Atafika ku Zanzibar kumayambiriro kwa Disembala 1866, anauza kazembe wa Britain, Dr Seward, ndi Dr John Kirk kuti Livingstone wafa. Nkhani yake inali yomveka bwino kwambiri. Musa anati atadutsa nyanja anakumana ndi Amazitu, Livingstone anawombera awiri, koma akuthira wonga wina mumfuti anatemedwa ndi nkhwangwa kumbuyo kwa khosi. Iye mwini ankaonerera atabisala kuseri kwa mtengo. Madzulo anabwerera n'kukwirira mtembo m'dzenje losaya.

Kirk sanali munthu wopusa. Anayenda ndi Livingstone pa Zambezi ndi pa Shire kuyambira 1858 mpaka 1863, ndipo mu 1861 anafika yekha pa nyanja yathuyi n'kuona midzi yosakazidwa ndi nkhondo. Anawafunsa amunawo mafunso, ndipo nkhani yawo inagwirizana. Iye ndi Seward anapita mpaka ku Kilwa kukafufuza kwa amalonda ochokera kunyanja, koma sanapeze choitsutsa kwenikweni. Mbendera ku Zanzibar zinatsitsidwa, ndipo pofika Malichi 1867 manyuzipepala a ku London anali atalemba za imfa ya Livingstone.

N'chifukwa chiyani munthu wozindikira ngati Kirk ananyengeka? Ine ndikuona kuti kudziwa kwakeko ndi kumene kunamutchera msampha. Bodza la Musa linamangidwa ndi njerwa zoona. Mayina a mafumu anali oona, nyanja inali yoona, Amazitu anali oona, nkhwangwa zawo zinali zoona. Kirk akamva chinthu chimene anachionapo ndi maso ake, mtima wake unkavomera, ndipo chikhulupiriro chimenecho chinkasefukira pa kachigawo kamodzi kamene kanali kopeka. Anafika mpaka poganiza kuti ulendowo unadzera kumpoto kwa nyanja, pamene unadzera kumwera. Chodabwitsa china n'chakuti masiku amene Musa ankati Livingstone ali m'manda, iye anali akudutsa m'chigwa chino kupita kwa mfumu Kimsusa, bwenzi lake la mu 1863, ndipo kuchokera kumeneko anakwera mapiri amene iye mwini anawapatsa dzina loti Kirk Range, pofuna kulemekeza Kirk yemweyo. Amuna a m'mudzi atakana kunyamula akatundu, akazi a Kimsusa ndi amene anawasenza, kuti amunawo achite manyazi.

Ophunzira athu a ku madrassa mwina ayamba kale kuona pamene pali nkhani. Akatswiri a hadith, monga Imam Bukhari amene anamwalira mu 870 ndi Imam Muslim amene anamwalira mu 875, sankalandira nkhani chifukwa chongomveka bwino. Ankafuna zinthu ziwiri mwa wonena aliyense: 'adaalah, kutanthauza kuti ndi munthu wolungama wosadziwika ndi bodza, ndi dhabt, kutanthauza kuti amasunga bwino zimene wamva, kaya pamtima kaya polemba. Munthu atha kukhala woopa Allah, woswali usiku, koma woiwalaiwala, ndipo nkhani yake inkaikidwa pambali popanda kumunyoza. Analinso ndi mfundo ya nkhani ya mutawaatir, imene yanenedwa ndi anthu ochuluka moti sizingatheke kuti anapangana bodza. Mawu ofunika ndi akuti sizingatheke kupangana. Amuna a ku Johanna anali ambiri ndithu, koma anayenda njira imodzi kwa miyezi iwiri, akugona pamodzi, akudya pamodzi, onse akudikira malipiro amodzi. Pakamwa panali pambiri, koma mboni inali imodzi.

Ndipo ndikamawerenga za Musa ndimakumbukira zimene akatswiri ambiri a tafsiri amafotokoza pa ndime ya 6 ya Surah Al-Hujuraat, imene imatilamula kufufuza nkhani tisanachitepo kanthu. Amati Mtumiki (mtendere ndi madalitso zikhale pa iye) anatuma munthu kukatolera zakaat kwa a Banu Mustaliq. Munthuyo ataona anthu akubwera kudzamuchingamira anachita mantha, nabwerera panjira, n'kukanena kuti akana kupereka ndipo amafuna kumupha. Panatsala pang'ono kuti anthu osalakwa athiridwe nkhondo. Munthu wobwerera panjira chifukwa cha mantha safuna kufika kwawo chimanjamanja. Amafika ndi nkhani yofotokoza chimene wabwererera. Akuluakulu athu anati kandimverere anakanena za m'maluwa.

Ku London si onse amene anakhulupirira. Sir Roderick Murchison, mtsogoleri wa bungwe la Royal Geographical Society, anakayika. Wina anali Edward Young, msilikali wa pamadzi amene anagwirapo ntchito pa sitima ya Pioneer pa Shire, ndipo anamudziwa Musa nthawi imeneyo. Young sanabweretse umboni watsopano. Anangoti munthuyu ndikumudziwa, sindingakhulupirire mawu ake. Apa ankachita zomwe akatswiri a hadith ankazitcha jarh, kuunika wonena musanaunike zonenedwa. Koma kukayika pakokha si umboni, ndipo munthu wabodza naye tsiku lina amanena zoona. Panafunika kuti wina apite akafunse.

Young ananyamuka ku England mu Juni 1867 ndi anzake atatu, atatenga bwato lachitsulo lotha kumasulidwa zidutswazidutswa, dzina lake Search. Anakwera Zambezi ndi Shire, ndipo pa mathithi amtengatenga ambirimbiri anasenza zidutswazo pamutu mpaka kumtunda kumene madzi ayambiranso kuyenda bwino. Mu Seputembala anali pa nyanja.

Chigawo ichi ndi chimene ndimachikonda, chifukwa mboni tsopano ndi anthu a m'midzi ya m'mphepete mwa nyanja, asodzi ndi alimi, amene sankadziwa n'komwe kuti kuli mzinda wotchedwa London kumene anthu akulira maliro. Kutsidya la kum'mawa Young anapeza anthu amene anati inde, mzungu anadutsa kuno chaka chatha. Anafotokoza zovala zake. Anatsanzira mmene ankaimira poyang'ana dzuwa ndi kachipangizo kake koyezera. Anakumbukira kuti sankagula akapolo, chinthu chimene chinawadabwitsa. Ena anatulutsa tizinthu timene anasinthanitsa ndi anthu ake, monga supuni ndi mpeni. Ndipo anakumbukira galu. Livingstone anali ndi kagalu kaubweya wambiri kotchedwa Chitane, kamene iye mwini analemba kuti kunali kovuta kudziwa kumutu ndi kumchira kwake. Munthu wopeka nkhani amapeka nkhondo, magazi ndi nkhwangwa. Sataya nthawi kupeka kagalu.

Young anachitanso chinthu china chanzeru. Sanaonetse chithunzi chimodzi n'kufunsa kuti kodi ndi uyu, chifukwa munthu waulemu, poona mlendo wobwera ndi nsalu ndi mikanda, akhoza kungovomera kuti amusangalatse. Anatsegula buku la zithunzi za anthu osiyanasiyana, ndipo munthu analoza yekha nkhope ya Livingstone. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Kenako anaolokera kutsidya lino, kwa Marenga. Mfumuyo inati mzungu anagona pano, ndinamuthandiza kupitirira, ndipo amuna a ku Johanna anabwerera okha. Inatinso akanaphedwa m'dera lozungulira ikanamva. Anapezekanso anthu amene ananyamula akatundu a Livingstone masiku angapo kupitirira malo amene Musa ankati ndi pamanda. Kwa Mponda nako anamva zofanana: amuna a ku Johanna anadutsa pobwerera. Anthu amenewa anali a midzi yotalikirana, ena kutsidya ili ena kutsidya ilo, a mitundu yosiyana, ndipo panalibe malipiro amene ankawadikira. Pa zinthu zing'onozing'ono aliyense anali ndi chake chimene anagwira, wina galu, wina chipangizo, wina supuni, monga zimakhalira ndi anthu amene sanapangane. Pa chinthu chachikulu ananena chimodzi.

Young anafika ku England mu Januwale 1868 n'kupereka lipoti lake. Patapita miyezi yochepa anafikanso makalata a Livingstone mwini, amene anawalemba mu Febuluwale 1867 ali kwa Chitapangwa, m'dziko la Abemba, n'kuwapatsira amalonda opita kugombe. Munthu amene anaikidwa m'manda ndi pakamwa mu 1866 anakhalabe ndi moyo mpaka 1873, pamene anamwalira kwa Chitambo, mu Zambia wa lero. Musa anakalangidwa kwawo ku Johanna.

Tikanatha kulekera pamenepa, wabodza wagwidwa, zoona zapambana. Koma wophunzira mbiri ayenera kufunsa funso la shehe kwa aliyense, ngakhale kwa amene wapambana mlandu. Zonse zimene ndafotokozazi tikuzidziwa kudzera mwa yani? Mawu a Musa pa bwalo la Marenga tikuwamva m'buku la Livingstone, munthu amene anali atakwiya naye kale chifukwa cha kuba kwa anthu ake m'njira. Mawu a Marenga ndi a asodzi aja tikuwamva kudzera mwa womasulira, kenako mwa Young, amene ananyamuka kwawo ali wotsimikiza kale kuti Musa ndi wabodza. Ndipo mabuku onse awiri, la Young la mu 1868 ndi la Livingstone limene linasindikizidwa mu 1874, anadutsa m'manja mwa mkonzi mmodzi, Horace Waller, munthu amene anali ndi cholinga chake chomenyana ndi malonda a akapolo ndi kukweza dzina la Livingstone. Cholingacho chinali chabwino, koma mkonzi wokhala ndi cholinga amadziwa chimene akufuna kusiya. Ofufuza atayerekeza zolemba pamanja za Livingstone ndi buku losindikizidwa anapeza kuti Waller anachotsa ndi kusalaza malo ambiri. Mu 2011 akatswiri anagwiritsa ntchito kuwala kwa makina kuwerenga zimene Livingstone analemba ku Nyangwe mu 1871 pa nyuzipepala yakale ndi inki yopanga yekha, ndipo zinaoneka kuti iye mwini ankasintha nkhani zake pozikopera m'buku lalikulu.

Ngakhale masiku enieniwo ankamusokonekera. Kukumana kwake ndi Henry Morton Stanley ku Ujiji, kumene ana a sukulu amaloweza, Stanley anakuika pa 10 Novembala 1871, pamene kawerengedwe ka Livingstone kankasonyeza kumapeto kwa Okutobala. Amuna awiri odziwa kulemba, aliyense ndi buku lake m'manja, anagwirana chanza tsiku limodzi n'kulemba masiku awiri. Malungo ndi maulendo aatali anali atawadyera masiku onse awiri. Apa palibe wabodza. Pali anthu chabe. Mwina n'chifukwa chake ndime yaitali kwambiri m'Qur'an yolemekezeka, ya 282 mu Surah Al-Baqarah, ikukamba zolemba ngongole ndi kuikapo mboni. Sikunena za anthu oipa okha, ikunena za ine ndi inu amene timakongozana ndi mtima wabwino mwezi wa Ramadhan, pofika Eid ya nsembe wina akuti zinali zikwi makumi awiri, wina akuti makumi atatu, onse akulumbira.

Sindikunena kuti choonadi kulibe, kapena kuti aliyense ali ndi chake basi. Maganizo amenewo ndi aulesi. Livingstone anali wamoyo kapena wakufa, panalibe za pakati, ndipo anali wamoyo. Chimene chimasiyana ndi kukula kwa kachigawo kamene munthu aliyense wagwira, ndi zimene mantha, njala ya malipiro, chikondi kapena mkwiyo zawonjezerapo. Amene anafikapo ku Mua akudziwa nyumba yosungira za chikhalidwe ya Chamare, pa Kungoni, malo amene Bambo Claude Boucher anayambitsa mu 1976. Dzina loti Chamare ndi la wansembe Champmartin, monga linamvekera m'makutu mwa anthu a kuno. Palibe amene ananama, khutu linangotenga zimene likanatha kunyamula. Zomwezo zinachitika mbali inayo: mayina a mafumu athu m'mabuku a azungu aja analembedwa monga anamvekera kwa iwo, moti Mponda yemweyo pena amalembedwa Mapunda. M'nyumba ya Chamare muli mbiri ya Achewa, ya Angoni ndi ya Ayao, anthu amene anakumana m'chigwa chino m'zaka za nkhondo ndi ukapolo. Mukakhala pansi ndi agogo a mitundu itatuyi n'kufunsa za zaka zomwezo, mudzamva nkhani zitatu, ndipo m'nkhani iliyonse wolakwa amakhala wa mudzi winawo.

Chimene ndimawalemekezera anthu a kwa Marenga n'chakuti umboni wawo unali ndi malire. Sananene kuti mzungu ali moyo lero, chifukwa zimenezo sakanazidziwa. Ananena kuti anadutsa pano, tinamuona, analowera uko. Young naye sanamuone Livingstone ndi maso, ndipo chimene anabwerera nacho chinali chakuti munthuyo sanafere pamene Musa ananena. Ndipotu nthawi imene anthu a kunyanja ankaseka pofotokoza za kagalu kaubweya, mu Seputembala 1867, Chitane anali atafa kale. Anamira mu Januwale chaka chomwecho, gulu likuoloka dambo lalikulu lodzaza madzi kutali kumpoto, aliyense ali kalikiliki kusamala phazi lake, osakumbuka kuti kagalu kakusambira m'mbuyo.